Darrelle Revis ndi ntchito yotchinga imene maso saiona

M'chaka cha 2010, Darrelle Revis, yemwe ankasewerera timu ya New York Jets mu ligi ya mpira wa ku America yotchedwa NFL, anatha nyengo yonse ya masewero osalandako mpira wa adani uli m'malere ngakhale kamodzi. Munthu wongowerenga manambala akanaganiza kuti mnyamatayu anali atatha, poti kulanda mpira woponyedwa ndicho chinthu chimene osewera pamalo ake amatchuka nacho. Koma nyengoyo itatha, atolankhani amene amasankha akatswiri pamalo aliwonse anamuikanso m'gulu loyamba la osewera opambana mu ligi yonse, monga anachitira chaka cha m'mbuyo mwake. Panalibe kukondera kulikonse. Mpira sunkafika kwa iye chifukwa oponya mpira anali atasiya kuponyera mbali imene iye waima, ndipo kuti munthu amvetse mmene zimenezi zimathekera, ayenera kuyamba wadziwa ntchito ya wosewera amene amatchedwa cornerback.

Mpira wa ku America ndi wosiyana kwambiri ndi mpira wamiyendo umene ambiri a ife tinakula nawo. Timu iliyonse imakhala ndi osewera 11 m'bwalo, koma gulu lopita kutsogolo ndi mpira ndi lina, gulu lotchinga ndi linanso, ndipo magulu awiriwa amasinthana malinga ndi timu imene ili ndi mpira. Bwalo ndi lotalika mayadi 100, omwe ndi mamita pafupifupi 91, ndipo timu imene ili ndi mpira imapatsidwa mipata inayi yoti isunthe mayadi 10. Ikakwanitsa imapatsidwanso mipata ina inayi, ikalephera mpira umapita kwa anzawo. Kufika ndi mpira kumapeto kwa bwalo, kumene amati touchdown, kumapereka mapointi 6. Njira yachangu yosunthira mpira ndi kuuponya, ndipo woponyayo, amene amatchedwa quarterback, amafunafuna anzake aliwiro otchedwa ma wide receiver, omwe amaima chakumphepete kwa bwalo n'kuthamangira kutsogolo kuti akawakhe mpirawo. Cornerback ndi munthu amene amaima maso ndi maso ndi wowakha mpira ameneyu, ndipo ntchito yake ndi kuonetsetsa kuti mpira usafike m'manja mwake.

Kuvuta kwa ntchitoyi kwagona poti anthu awiriwa sayambira pamodzi. Wowakha mpira amadziwa kumene akupita, chifukwa iye ndi quarterback anagwirizana kale kuti athamanga mayadi angati, akhotera mbali iti, ndipo mpira umupeza pati. Cornerback sadziwa chilichonse mwa zimenezi. Iye amayamba kuthamanga chafutambuyo, nkhope ili kwa mdani wake, kenako pa kamphindi koyenera amatembenuza chiuno n'kuthamanga naye phewa ndi phewa, osauona mpira umene ukubwera kumbuyo kwake. Akatembenuka msanga, mnzakeyo amangoima n'kubwerera, mpira n'kuulandira ali yekhayekha. Akachedwa pang'ono pokha, mnzakeyo amamudutsa, ndipo kumbuyoko nthawi zina sikukhala munthu wina womupulumutsa. Wotchinga kumbuyo pa mpira wamiyendo akadodedwa amadalirabe goloboyi, koma pa masewero amenewa goloboyi kulibe.

Malamulo nawonso sali kumbali ya cornerback, ndipo anawakonza choncho mwadala pofuna kuti mapointi azichuluka, anthu oonera azisangalala. M'zaka za m'ma 1970, Mel Blount wa timu ya Pittsburgh Steelers ankakankha ndi kugwetsa owakha mpira paliponse m'bwalo mpira usanaponyedwe, moti m'chaka cha 1978 ligi inakhazikitsa lamulo lakuti wotchinga azikhudza mdani wake m'mayadi asanu oyambirira okha. M'chaka cha 2004 lamuloli linakhwimitsidwanso, Ty Law ndi anzake a New England Patriots atavutitsa kwambiri owakha mpira a Indianapolis Colts pa masewero olowera mu fainolo, pamene Law yekha analanda mipira itatu yoponyedwa ndi Peyton Manning. Kuwonjezera apo, cornerback akagwira kapena kukankha mdani wake mpira uli m'malere, oyimbira amapereka mpira kwa adani pamalo pomwe cholakwacho chachitikira, ngakhale pakhale pa mtunda wa mayadi 40 kuchokera pamene masewero anayambira. Revis analowa mu ligi malamulo ali kale chonchi, n'chifukwa chake zimene anachita zimalemera kwambiri kuposa mmene zimaonekera.

Iye anabadwa pa 14 July 1985 ku Aliquippa, tauni yaing'ono ya m'mphepete mwa mtsinje wa Ohio m'chigawo cha Pennsylvania, kufupi ndi mzinda wa Pittsburgh. Tauniyi inakula chifukwa cha fakitale yaikulu ya zitsulo ya kampani ya Jones and Laughlin, ndipo fakitaleyo itatsekedwa m'zaka za m'ma 1980, ntchito zinatha, anthu anasamuka, malo amene kale ankakhala anthu oposa 25,000 anatsala ndi anthu osakwana 10,000. Chimene sichinathe ndi mpira wa pa sukulu ya sekondale ya m'tauniyo, imene inatulutsa akatswiri a NFL monga Mike Ditka komanso Ty Law yemwe tamutchula uja. M'chaka cha 2003 Revis anathandiza sukuluyo kutenga chikho cha chigawo chonse cha Pennsylvania m'gulu lake, ndipo pa fainolo anagoletsa yekha ma touchdown asanu. Kuchoka apo anapita ku yunivesite ya Pittsburgh, kumene anasewera zaka zitatu, ndipo anthu ambiri anamudziwa m'chaka cha 2006 pamene analandira mpira womenyedwa ndi timu ya West Virginia n'kuthamanga nawo mayadi 73 mpaka kukagoletsa.

Pali munthu mmodzi wa m'banja mwake amene sitingamusiye, chifukwa popanda iye theka la nkhaniyi silingamveke. Amalume ake, a Sean Gilbert, mlongo wawo wa mayi ake, anaseweranso mu NFL ngati wotchinga wa pamzere wakutsogolo. M'chaka cha 1997 a Gilbert anakana malipiro amene timu ya Washington inkawapatsa, anakhala pakhomo nyengo yonse osasewera, anthu n'kumawanena kuti ndi adyera, koma chaka chotsatira anasaina mgwirizano wa madola 46.5 miliyoni ndi timu ya Carolina Panthers. Ife sitidabwa kumva kuti mwana amamvera amalume ake pa nkhani zikuluzikulu, ndipo Revis anaphunzira kwa iwo kuti thupi la wosewera ndilo mpamba wake wokhawo, ndi kuti mpambawo sukhalitsa.

Mu NFL wosewera watsopano sasankha timu. Chaka chilichonse matimu amasankha anyamata ochokera m'mayunivesite mosinthanasinthana, timu imene inachita moipa kwambiri ndiyo imayamba, ndipo m'chaka cha 2007 a Jets, omwe anayenera kusankha pa nambala 25, anasinthanitsa malo ndi a Carolina kuti akwere pa nambala 14 n'kutenga Revis. Mnyamatayu anayamba ndi kukana kupita kokonzekera kwa masabata pafupifupi atatu mpaka atagwirizana za malipiro, kenako anasewera masewero onse a nyengo imeneyo monga mmodzi wa oyamba kulowa m'bwalo. Ankavala nambala 24, yomwe Ty Law ankavala ku New England. Sanali wamtali modabwitsa, anali wa mamita 1.80 ndi makilogalamu pafupifupi 90, ndipo panali ma cornerback ena aliwiro kumuposa.

Chaka chimene chinamuika payekha ndi 2009, pamene Rex Ryan anakhala mphunzitsi wa timuyo. Pali njira ziwiri zikuluzikulu zotchingira mpira woponyedwa. Njira yoyamba ndi yakuti wotchinga aliyense amapatsidwa dera lake loti alondere, ndipo mdani akatuluka m'deralo amamusiyira mnzake. Njira yachiwiri ndi yomaka munthu, kumutsatira kulikonse kumene wapita. Makochi ambiri akamagwiritsa ntchito njira yachiwiriyi amaika wotchinga wina, wotchedwa safety, kumbuyo kwa cornerback kuti azimuthandiza pa mdani woopsa kwambiri, ndiye kuti anthu awiri athera pa munthu mmodzi. Ryan anachita zosiyana. Sabata iliyonse ankatenga wowakha mpira woopsa kwambiri wa timu ya adani n'kumupereka kwa Revis yekha, kuti amutsatire kumanja, kumanzere, ngakhale pakati, popanda womuthandiza. Apa ndi pamene panachokera dzina lakuti Revis Island, kutanthauza chilumba cha Revis, malo amene katswiri amatsekeredwako kwa maola atatu osaonananso ndi mpira.

Phindu la zimenezi linali la masamu chabe. Ngati munthu mmodzi akukwanitsa ntchito ya anthu awiri, mphunzitsi amatsala ndi munthu wina wapadera woti amutumize kukathamangitsa quarterback kapena kukathandiza mbali ina, ndipo Ryan ankakonda kwambiri kutumiza anthu ambiri kwa quarterback kuchokera mbali zosayembekezereka. Quarterback amakhala ndi masekondi awiri kapena atatu okha oti aponye mpira asanagwetsedwe, choncho akayang'ana kwa mnzake wodalirika n'kupeza kuti watsekeredwa, nthawi yoyang'ana kwina imakhala yatha. Nyengo imeneyo gulu lotchinga la Jets linali loyamba mu ligi yonse pa kuchepa kwa mayadi ndi mapointi amene linalola adani kupeza.

Mayina a anthu amene Revis anakumana nawo m'chaka chimenecho ndi amene amachititsa kuti nyengoyi izitchulidwabe. Sabata yoyamba anali Andre Johnson wa Houston Texans, amene chaka chomwecho anaposa onse mu ligi ndi mayadi 1,569, koma tsiku limenelo anawakha mipira inayi yokha ya mayadi 35. Sabata yachiwiri anali Randy Moss wa New England, yemwe quarterback wake anali Tom Brady, ndipo anapeza mayadi 24. Anatsatira Marques Colston, Terrell Owens kawiri konse, Steve Smith, Roddy White, Reggie Wayne ndi Chad Ochocinco, onsewa anthu amene ankasowetsa tulo matimu ena. Revis anamenya kapena kutchinga mipira 31 ndi kulanda 6. Ngakhale zinali choncho, mphoto ya wotchinga wopambana wa chakacho inapita kwa Charles Woodson wa Green Bay Packers, amene anapeza mavoti 28 pamene Revis anapeza 14. Woodson anali katswiri weniweni ndipo analanda mipira 9, koma ine ndimaona kuti ovotawo anasankha zimene zimawerengeka mosavuta, n'kusiya ntchito imene inali yovuta kwambiri.

Munthu akaonera kanema wa masewero amenewo mwachifatse, chimene chimadabwitsa ndi kuchepa kwa zimene Revis akuchita. Amaima pafupi kwambiri ndi mdani wake, mwina yadi imodzi yokha, mawondo atapinda pang'ono, manja ali chire. Mpira ukangoyamba, wowakha mpira amagwedeza mutu ndi mapewa, kuponda uku ndi uku kuti amupusitse, koma Revis sasuntha mwaphuma, amangotsetsereka pang'ono cham'mbali, maso ali pachiuno cha mnzakeyo, chifukwa mutu ndi mapewa zimanama koma chiuno chimaloza kumene munthu akupitadi. Kenako amamugunda pachifuwa ndi dzanja limodzi, m'kati mwa mayadi asanu ololedwa aja, ndipo kugunda kumeneko kumachedwetsa mnzakeyo ndi kachigawo kakang'ono ka sekondi, kamene ndi kokwanira kusokoneza pangano lake ndi quarterback. Akamathamangira limodzi amamupanikizira pang'onopang'ono kumzere wa m'mphepete mpaka malo oti mpira ugwerepo atatha, ndipo satembenuza mutu kufuna mpira kufikira ataona maso a mnzakeyo akukula ndi manja ake akukwera. Kumbuyo kwa zonsezi kunali maola ambiri oonera makanema a adani, kuloweza kuti uyu akaponda chonchi ndiye kuti akhotera mkati, uyu akaima motere ndiye kuti akupita kutali.

Timu ya Jets inafika pa masewero olowera mu fainolo zaka ziwiri zotsatizana, koma inagonja kwa Indianapolis ndi mapointi 30 kwa 17, kenako kwa Pittsburgh 24 kwa 19. Pakati pa nyengo ziwirizo panabuka nkhani ya malipiro. Revis anayenera kulandira madola pafupifupi 1 miliyoni m'chaka cha 2010, ndalama zochepa kwambiri poyerekeza ndi zimene ma cornerback ena ankalandira, ndipo anakana kupita kokonzekera kwa masabata asanu, makamera a wailesi yakanema akujambula mmene akuluakulu a timu ankavutikira ndi nkhaniyo. Anabwerera kutatsala sabata imodzi kuti ligi iyambe, atasaina mgwirizano wa zaka zinayi wa madola 46 miliyoni. Ochemerera ambiri anamuda, koma tiyenera kudziwa mmene migwirizano ya NFL imakhalira. Ndalama zimene zimalengezedwa m'nyuzipepala si zonse zimene wosewera amalandira, chifukwa timu ikhoza kumuchotsa nthawi ina iliyonse osamulipira zaka zotsalazo, kupatula gawo lokhalo limene linalembedwa kuti ndi lotsimikizika. Akuluakulu anati fodya wako ndi uyo ali pamphuno, wapachala ngwamphepo, ndipo Revis ankakambirana za malipiro ake ndi nzeru imeneyi. Munthu amene ntchito yake yabwino sisiya manambala ambiri alibenso umboni wina woti aonetse pa tebulo la zokambirana koposa kuwasiya eni timu alawe mmene zinthu zimakhalira iye kulibe.

Kuti ankanena zoona zinaoneka mu September 2012, pa masewero a ku Miami, pamene bondo lake lakumanzere linagonja akuthamanga, popanda munthu womugunda, mtsempha wa m'kati mwa bondo wotchedwa ACL n'kuduka. Kwa cornerback, amene moyo wake wonse ndi kuima mwadzidzidzi ndi kutembenuka, kuvulala kotere kumatha kuthetsa ntchito. A Jets sanafune kumupatsa mgwirizano wina waukulu, ndipo mu April 2013 anamugulitsa ku Tampa Bay Buccaneers, kumene anasaina mgwirizano wa zaka zisanu ndi chimodzi wa madola 96 miliyoni wopanda ndalama yotsimikizika ngakhale imodzi. Kumeneko nthawi zambiri ankamuseweretsa molondera dera, zomwe zinali ngati kugula mmisiri wosema n'kumupatsa ntchito yowaza nkhuni. Timuyo inapambana masewero anayi okha mwa 16, mphunzitsi anachotsedwa, ndipo patangotha chaka chimodzi Revis naye anamasulidwa atalandira madola 16 miliyoni okha mwa 96 aja.

Anapita ku New England Patriots, adani enieni a Jets, pa malipiro a madola 12 miliyoni a chaka chimodzi, ndipo kumeneko, pansi pa mphunzitsi Bill Belichick, anabwereranso pa ntchito yomaka munthu n'kusankhidwanso m'gulu loyamba la akatswiri a ligi, kachinayi. Pa 1 February 2015, ku Glendale m'chigawo cha Arizona, a Patriots anagonjetsa Seattle Seahawks 28 kwa 24 pa fainolo ya ligiyi yotchedwa Super Bowl. Tsiku limenelo Revis anapatsidwa Doug Baldwin, yemwe anawakha mpira umodzi wokha masewero onse, wa mayadi atatu, ngakhale kuti unali touchdown, umene anaupeza atadutsa pafupi ndi woyimbira mmodzi kotero kuti Revis anatchingidwa njira. Dziko lonse limakumbukira fainoloyo chifukwa cha cornerback wina, Malcolm Butler, mnyamata amene sanasankhidwe ndi timu iliyonse pa chisankho cha osewera atsopano, yemwe analanda mpira pakhomo penipeni pa chigoli kutatsala masekondi ochepa. Sekondi imodzi ya Butler inalowa m'mbiri, pamene maola atatu a Revis amakumbukiridwa ndi okhawo amene anali kuyang'ana mbali imene mpira sunkapita.

Mu March 2015 anabwerera ku Jets pa mgwirizano wa zaka zisanu wa madola 70 miliyoni, mwa iwo 39 miliyoni otsimikizika. Chaka choyamba anaseweranso bwino, koma mu 2016, ali ndi zaka 31, liwiro linayamba kumuthawa, ndipo pamalo ake palibe pobisala. Sabata yoyamba A.J. Green wa Cincinnati Bengals anapeza mayadi 180, ambiri mwa iwo pamaso pa Revis, ndipo patangopita masiku anayi Marquise Goodwin wa Buffalo Bills anamudutsa n'kugoletsa touchdown ya mayadi 84. Zinali zomvetsa chisoni kuona munthu amene kale ankaimirira mdani pamphuno tsopano akuima patali, kuopa kudutsidwa. Ma cornerback ena akafika pamenepa amasamukira pamalo a safety, pamene nzeru zimagwira ntchito kuposa miyendo, monga anachitira Charles Woodson ndi Rod Woodson, koma Revis sanatero. A Jets anamumasula kumayambiriro kwa 2017, anasewera masewero ochepa ku Kansas City Chiefs kumapeto kwa chakacho, ndipo mu July 2018 analengeza kuti wasiya mpira.

M'zaka 11 analanda mipira 29 yokha. Charles Woodson analanda 65, ndipo Paul Krause, amene amaposa onse m'mbiri ya ligiyi, analanda 81. Pa mndandanda umenewo dzina la Revis lili kutali kwambiri, komabe m'chaka cha 2023, chaka choyamba chimene malamulo ankalola kuti aganiziridwe, anasankhidwa kulowa m'nyumba yosungira mbiri ya akatswiri a mpirawu ku Canton, m'chigawo cha Ohio. Anakhala munthu wachitatu wochokera pa sukulu ya sekondale ya Aliquippa kulowa m'nyumbayo, pambuyo pa Mike Ditka ndi Ty Law.